Agogo Bauro, Amene Ankaopa Mvula

Lachinayi, 3 Juni 2021

Ndadzuka ndili wokwiya, koma sindikudziwa kuti ndakwiyira ndani. Amayi abwera kuchokera kushifiti yausiku kuchipatala ali otopa ndipo agona osadya. Abambo ananyamuka kale kupita kuntchito kudoko la ku Pearl, kuno ku Doha. M'nyumba muno dzina la agogo Bauro sitikulitchula chimwalirireni iwo mu Epulo, ngati kuti wina akalitchula tonse tilephera kupita kumene tikupita. Ndiye ndilitchula ine pano.

Ankafuna chinthu chimodzi chokha: kubwerera kwawo akadali moyo, akafere pachilumba chimene anabadwira, aikidwe pambali pa mlongo wawo. Chilumbacho ankachiopa, masiku ena ankachinenera zoipa, koma ankachifuna. Pano agona m'chipululu cha ku Dukhan, ndipo ine ngakhale manda awo sindinawaone.

Sanali agogo anga amagazi. Sanali Mmalawi n'komwe. Anali munthu wa ku Kiribati, dziko la tizilumba tomwazikana pakati pa nyanja ya Pasifiki. Titangofika kuno ndili ndi zaka khumi, tinawapeza akukhala m'kachipinda ka padenga la nyumba yathu ino ya ku Al Khulaifat, pafupi ndi mathanki a madzi. Nyumbayi ndi yakale, yogawidwagawidwa kuti mukhale mabanja angapo. Abambo amakonza zamagetsi m'maboti a padoko la ku Pearl, ndipo agogo Bauro ankasamala boti la bwana wina wolemera padoko lomwelo. Unyamata wawo wonse anathera pasitima zonyamula katundu, mpaka bwanayo anawatenga. M'mawa ankakwera basi imodzi ndi abambo. Ndi mmene anakhalira athu.

Anali wamfupi, wotambalala m'mapewa, manja olimba ngati chingwe chakale, maso otuwa pang'ono ndi ng'ala. Munthu akawafunsa kwawo ankayankha nkhope ili gwa kuti ndi a ku London. Akaona kuti wofunsayo wasokonezeka m'pamene ankaseka n'kufotokoza kuti London wake ndi mudzi wa pachilumba cha Khirisimasi, wa mitengo ya kokonati ndi nkhanu zodutsa pamsewu. Ndili wamng'ono ndinkawasirira. Ndinkaganiza kuti pachilumba cha dzina lotero anthu amangokhalira kulandira mphatso.

Tinkalankhulana m'Chingerezi, chawocho cha pasitima, chodukaduka. Ndikulemba mawu awo m'Chichewa chifukwa ndi mmene ndimawamvera ndikawakumbukira. Chichewa ankadziwa moni yekha, ndipo ankaupereka mwaulemu wonse kwa aliyense, ngakhale kwa mphaka wa pageti.

Anali ndi timakhalidwe tawo. Munthu akamawotcherera zitsulo padoko, iwo ankatembenuka n'kupereka msana mpaka atamaliza. Sankalola kujambulidwa ndi foni yothwanima. Nsomba za m'nyanja yamchere sankadya, munthu woti moyo wake wonse anakhala pamadzi. Koma amayi akabwera kutchuthi ndi matemba ndi usipa m'sutikesi, agogo ankatsika okha masitepe osaitanidwa, atanyamula mbale.

"Agogo, nsomba za kuno n'za kuno," amayi ankawaseka. "Pasifiki wanuyo ali kutali."

Iwo ankayankha kuti nyanja yamchere anaiyenda yonse ndipo sanaonemo mpanda. Yathu ya ku Malawi yokha, yotsekedwa ndi mtunda mbali zonse, ndi imene ankaikhulupirira. Tsiku lina ndinawafunsa kuti nanga mwana wawo Teretia ndi zidzukulu zawo amadya chiyani kuchilumbako. Anati nsomba, m'mawa ndi madzulo, chifukwa kulibenso china. Tsiku limenelo matemba sanawamalize.

Chachikulu chinali mvula. Kuno imagwa mwa apo ndi apo, m'miyezi yozizira, ndipo chaka chathu choyamba tinaidikira mpaka kuiwala. Amayi ankadandaula tsiku lililonse za madzi a pampopi. Ankati ndi madzi a m'fakitale, ochotsedwa mchere ndi makina, opanda kukoma, ndipo akuwathothola tsitsi. Ndiye masana ena kumwamba kutada n'kuyamba kudontha, amayi anachita zimene mkazi aliyense wa kwathu ku Ntcheu akanachita. Anatola mabeseni, ndowa, ngakhale poto wamkulu, n'kuthamangira nazo padenga. Ine ndinali pambuyo pawo wopanda nsapato. Ndinaima pakati pa denga nditayasamula kukamwa kuti mvula indigwere palilime.

Agogo sindinawaone akutuluka. Ndinangomva beseni likugubuduzika, kenako ndowa. Agogo ankazimenya ndi mwendo chimodzichimodzi, madzi n'kumwazika. Asanathe amayi kulankhula, ndinapezeka ndafunditsidwa bulangete lonunkha dizilo kumutu konse, ndanyamulidwa ngati thumba la ufa, n'kuikidwa pamasitepe.

"Mwapenga kodi, madala inu?" amayi anayamba m'Chichewa, kenako anakumbukira n'kusintha. "Msiyeni mwana wanga. Mwamugwira bwanji choncho?"

"Kamusambitseni ndi madzi a pampopi. Pompano. Alavule zimene wamwa."

"A pampopiwo ndi amene akundimaliza tsitsi. Awa ndi madzi a Mulungu."

"Tsitsi lothothoka simunalione, mayi."

Analowa m'chipinda chawo n'kutseka. Beseni lina linali litang'ambika pansi.

Amayi anakwiya masabata angapo. Analetsa kuti ndikwere padenga, ndipo mbale ya agogo sinaonenso matemba. Abambo anayesa kuseka nkhaniyo.

"Mayi a Tiya, mvula kuno imagwa kamodzi pachaka. Ndiye muzikangana nawo kamodzi pachaka, khalasi, zatha. Ine mumakangana nane kangati?"

"Musandiyambe, bambo a Tiya. Munthu wamkulu kumenya ziwiya za mkazi wa mnzake ndi mwendo? Kwathu akanalipira nkhuku."

Nkhuku sanabweretse. Anabweretsa beseni latsopano, Lachisanu lina, tsiku lopuma kuno, masana titabwera kutchalitchi. Anakana mpando. Anaima pakhomo beseni lili m'manja, akuyang'ana pansi, n'kunena nkhani imene ndikuganiza kuti sanaiuzepo munthu wina aliyense ku Doha kuno.

Anati zinachitika ali mwana wa zaka ngati zisanu ndi chimodzi. Makolo awo ankagwira ntchito m'minda ya kokonati. Pachilumba panadzaza asilikali a ku Britain, ndi magalimoto ndi ndege, ndipo ana ankawakonda chifukwa ankawapatsa maswiti. M'mawa wina anthu onse a m'mudzi anawasonkhanitsa pabwalo losewerera tenesi. Anawauza kuti akhale pansi, apereke msana kunyanja, afunde mabulangete kumutu, atseke maso ndi manja. Mawu a pachimkuzamawu ankawerenga manambala chobwerera m'mbuyo. Mlongo wawo wamkulu, Meere, ndi amene anawafungatira.

Anati kuwalako kunadutsa bulangete, kunadutsa manja, kunadutsa zikope, ngati kuti zonsezo kulibe. Kumsana kunatentha ngati munthu watsegula uvuni kumbuyo kwako. Kunakhala zii kwa kanthawi, ena n'kuyamba kuvundukula, kenako phokoso linafika ndi chimphepo chake n'kuwagwetsa chafufumimba. Pambuyo pake anawalola kuyang'ana. Mtambo unali utaima pamwamba pa nyanja, ukukwera, ukusintha mitundu. Agogo anati chinali chinthu chokongola kwambiri chimene anaonapo, ndipo mpaka ukalamba ankadana ndi maso awo chifukwa cha zimenezo.

Kenako kunagwa mvula. Chilumba chawo n'chouma, madzi a m'zitsime ndi amchere pang'ono, ndipo mvula ikagwa akazi amathamanga ndi chilichonse chotunga madzi. Anathamanga. Madziwo anali akuda pang'ono, koma anthu anati ndi fumbi la padenga. Panalibe amene anawauza kanthu za mvula. Anangowauza za maso. Meere anali ndi tsitsi lofika m'chiuno, ndipo analitsuka tsiku lomwelo, agogo akumuthirira madzi ndi chigoba cha kokonati. Otsalawo banja lonse linamwa.

Masiku otsatira mbalame za m'nyanja, zimene pachilumbacho zimaswana zosawerengeka, zinkayenda pansi zili zakhungu, kugunda mitengo, kulowa m'nyumba za anthu. Ana ankangozitola ndi manja. Nsomba zakufa zinadzaza m'mbali mwa nyanja, ndipo anthu anatola n'kudya, akuthokoza kuti apeza ndiwo osavutika. Patapita masabata, tsitsi la Meere linayamba kutsalira pachipeso, kenako pamkeka pamene wagona. Linameranso, anthu n'kuiwala. Anakwatiwa. Mimba zake zinkangopita padera, ndipo mwana mmodzi amene anabadwa wamoyo sanafike poyamwa bwino. Meereyo anamwalira akadali mtsikana, magazi akutuluka m'kamwa ndi m'mphuno osaleka. Anamuika pambali pa nyumba, monga amachitira kwawoko.

Asanamwalire, anabweranso a ku America ndi mabomba awo, ambiri motsatizana, mpaka anthu anazolowera. Agogo anati ena ankangotembenuka pamkeka n'kufunda, osapitanso kubwalo.

Amayi ndi namwino, ndiye anafunsa funso la namwino. "Nanga madokotala anati chiyani?"

"Palibe dokotala anatifunsa. Eni mabomba amati anaphulikira m'mwamba kwambiri, chilumba n'choyera. Mwina akunena zoona, mayi. Ine sukulu sindinapite nayo patali. Ndimangodziwa zimene zinatsalira pachipeso."

Anaika beseni pansi n'kukwera kwawo. Madzulo amayi anandituma ndi mbale ya matemba otendera. Beseni lija timachapiramo zovala mpaka lero, koma padenga silinakwereponso.

Nditakula pang'ono ndinayamba kufufuza ndekha. Ndinapeza kuti a ku Britain anaphulitsa mabomba awo kumeneko mu 1957 ndi 1958, a ku America mu 1962. Za mbalame zakhungu anthu ambiri amene analipo amanena zofanana. Za mvula ndi matenda pali kukangana mpaka lero, ndipo anthu a pachilumbapo sanapimidwe mokwanira kuti mkanganowo uthe. Ndinapezanso za zilumba za Marshall, kumene anthu anasamutsidwa kwawo n'kuuzidwa kuti abwerera posachedwa, kumene tizilumba tina tinasanduka dzenje m'nyanja, kumene dothi lapoizoni analiunjika m'dzenje la bomba n'kulivundikira ndi simenti, ndipo pano nyanja ikukwera kuzungulira simentiyo. Nditawawerengera agogo zimenezi sanadabwe. Anagwirapo ntchito pasitima ndi anthu a kumeneko. Anati amadziwana ndi zipsera za opaleshoni pakhosi.

Kamodzi abambo ananditenga kuntchito kwawo. Agogo anandionetsa boti lawo, loyera ngati mbale ya alendo, kenako analoza nyumba zitalizitali za ku Pearl, masitolo, mitengo yothiriridwa ndi mapaipi. Anandiuza kuti pamene taimapo panali madzi okhaokha, iwo akuona. Anati anthu ndi odabwitsa: kuno atenga mchenga n'kupanga chilumba pamene panalibe, kwawo anapeza chilumba chilipo kale ndi anthu ake n'kuchiyesa malo opanda kanthu. Sanakwiye polankhula. Ankapukuta chitsulo cha m'mbali mwa boti.

Za kwawo ankalankhula mitundu iwiri. Tsiku lina akuuza za migolo ya dzimbiri ndi magalimoto a asilikali amene anaola m'tchire zaka zambiri, ana akuseweramo, n'kunena kuti anachita bwino kuthawa. Mawa lake akuuza za mphepo ya kumeneko, za nyanja ya m'kati mwa chilumba yosintha mitundu, za manda a Meere okutidwa ndi timiyala toyera, pamene zidzukulu zawo zimakhala pokonza nsomba. Kwawo akufa sapita kutali, ankatero. Amakhala pakhomo, amamva nkhani zonse.

Chotupa cha pakhosi pa agogo anachiona ndi amayi, chakumapeto kwa 2019, agogo akumeza tiyi. Chinali pansi pa kholingo, kumanzere. Mkangano wawo wachiwiri unayambira pamenepo, ndipo uwu sunathe.

"Mawa tipitira limodzi kuchipatala. Ndikakuimikani pamzere ndekha."

"Sindipita."

"Agogo, ine ndaona zotupa zambiri. Zina zimachotsedwa munthu n'kukhala zaka."

"Akachipima anena chimodzi mwa ziwiri. Akati n'cha bomba, ndiye kuti chilinso mwa Teretia ndi ana ake, ndipo ndawapatsa ndine. Akati si cha bomba, ndiye kuti moyo wanga wonse ndathawa mvula pachabe. Musankhe inu chimene ndimve."

"Sanena zimenezo. Iwo angonena ngati n'chochotseka."

"Ndipite kwathu basi, mayi. Chikachotsedwere komweko, kapena chikagone nane komweko."

Amayi anawatcha nkhalamba youma mutu, m'Chichewa, ndipo agogo anayankha kuti zikomo.

Kupita kwawo sikunali kongonyamuka. Nthawi imeneyo wantchito wa pakhomo ngati iwo sankatuluka m'dziko muno popanda chilolezo cha bwana wake. Bwana wa boti sanali munthu wankhanza. Ankawakonda agogo, ankawatcha amalume, ndipo mwina n'chifukwa chake sankafuna kuwataya. Akapempha, yankho linali lakuti mawa, inshallah, Mulungu akalola, nyengo ya maboti ikatha, akapezeka wina wodziwa injini. Zaka zinapita choncho. Mdzukulu wawo womaliza ankangomuona pafoni.

Ndiye mu Januwale chaka chatha lamulo linasintha. Abambo anabwera nayo nkhaniyo akuthamanga masitepe, ine pambuyo. Antchito a pakhomo tsopano akhoza kutuluka okha, bola adziwitse bwana masiku ochepa asananyamuke. Pageti anyamata a ku Nepal ankaimba nyimbo. Agogo anamvetsera, anafunsa kawiri ngati zili zoona, kenako anakhala pabedi n'kuphimba nkhope ndi manja. Ndinkaganiza kuti akulira. Ankawerengera ntchito.

Anati apita mu Epulo. Boti liyenera kutulutsidwa m'madzi nyengo yozizira ikatha, lipalidwe tinkhono tomata kunsi, lipakidwe penti, ndipo mnyamata wolowa m'malo mwawo aone ndi maso ake malo awiri pamene limachita dzimbiri. Munthu wa pasitima sasiya boti m'manja mwa wina amene sanalione kunsi. Anaphunzitsidwa choncho ali mnyamata ndipo sanaphwanyepo.

"Madala, yalla, fulumirani, nyamukani sabata ino," abambo anatero. "Ine ndimuonetsa mnyamatayo."

"Iwe umadziwa mawaya. Kunsi sukudziwa."

"Botilo si lanu. Khosi ndi lanu."

"Ndalisamala zaka zonsezi kuti ndilisiye ngati wakuba? Miyezi itatu si kanthu. Ndadikira yoposa pamenepo."

Abambo anatsika akupukusa mutu. Anauza amayi kuti munthu ameneyu akanakhala wa kwathu akanamumanga n'kumukweza ndege.

Tikiti anagula ya mu Epulo, yodzera ku Fiji. Mu Malichi korona inafika. Sukulu yathu inatsekedwa, amayi anayamba kugona m'chipinda chaokha kuti asatipatsire, ndipo dziko la agogo linatseka malire ake onse, ngakhale kwa ana ake omwe. Boti analipala, analipaka penti, anamuonetsa mnyamata uja malo awiri a dzimbiri. Atamaliza panalibenso ndege.

Sutikesi sanaimasule. Inakhala pafupi ndi chitseko chaka chathunthu, ndipo ankavala malaya awiri okha osinthasintha kuti asasokoneze zimene analongedza. Lachisanu lililonse ndinkakwera padenga nditavala masiki, n'kuima patali, iwo n'kundifunsa kuti foni ikuti chiyani. Foni inkanena zomwezo, kuti malire akadali otseka. Amalinyero anzawo ambiri anali atatsekeredwanso kunja, m'mahotela a m'mayiko a eni. Ine ndinkakwiya m'malo mwawo. Ndinati boma lotani lokaniza anthu ake kulowa kwawo. Agogo anandiletsa. Anati achita bwino. Kamodzi kokha anthu a kwawo adziwiratu kuti kukubwera chinthu chosaoneka ndi maso, ndipo atseka chitseko chisanalowe. Iwo sangakhale munthu wokachilowetsa.

Lamulo lina litabwera lakuti munthu akhoza kusintha ntchito popanda kalata ya bwana, nyumba yonse inasangalala. Mlonda wa ku Chipata wa chipinda cha pansi anasiya kampani yake mwezi womwewo. Agogo anamugwira chanza ndi chigongono, n'kunena kuti malamulo abwino onse afika, kwangotsala ndege.

Mu Januwale chaka chino ndinakwera ndi nkhani imene ndinkaganiza kuti iwasangalatsa. Aphunzitsi athu anatiuza pakalasi ya pakompyuta kuti pangano la mayiko loletsa mabomba a nyukiliya layamba kugwira ntchito, ndipo muli mawu akuti anthu ovulazidwa ndi kuyesa mabomba athandizidwe, malo awo akonzedwe. Kiribati inali m'gulu la mayiko ovomereza. Ndinawawerengera mokweza, mawu akundithawa ndi chisangalalo. Apa n'kuti mawu awo atasasa, akumeza movutika.

"Nanga eni mabomba asayina?"

"Ayi. Koma mayiko ambiri asayina, agogo. Ena atsatira."

"Ndiye asayina ndi ife ofunda mabulangete."

Ndinakhumudwa, ndipo anaona. Anandiuza kuti ndisasiye kuwerenga zinthu zotere, chifukwa pabwalo la tenesi paja panalibe ndi mmodzi yemwe wodziwa kufunsa funso. Ine ndimakhulupirirabe kuti panganolo lidzagwira ntchito. Ndikungoona kuti lidzapeza anthu ake atatha.

Korona inawapeza mu Epulo, pamene odwala anachulukanso. Sankatuluka n'komwe, ndipo sitikudziwa kuti inakwera bwanji masitepe. Ambulansi inawatenga masana, ine ndikuyang'ana pawindo. Anakweza dzanja, osati kwa ine, koma kuloza kuchipinda chawo, ndipo ndinamva kuti akunena za sutikesi.

Sanagonekedwe kuwodi ya amayi, koma amayi anapempha n'kukawaona atavala zodzitetezera thupi lonse. Agogo anawazindikira ndi mayendedwe. Analibenso mawu, ndiye anajambula ndi chala m'mwamba chinthu chouluka, n'kudikira.

"Malire sanatsegule, agogo," amayi anawauza.

Anagwedeza mutu n'kutseka maso. Anamwalira patapita masiku awiri.

Amayi anandiuza zimenezi kamodzi kokha, ali chiimire pasinki. "Ndikanawanamiza, Tiya. Ndikanati atsegula, mupita sabata yamawa. Pakamwa panakana." Ndinafunsa ngati madokotala anachiona chotupa chija. Anati anachiona, koma panalibe nthawi yochipima, ndipo chimene chimalembedwa ndi chimene chamaliza munthu, osati chimene chinamuyamba. Ndiye agogo Bauro anafa ndi korona. Mafunso awo awiri aja sanayankhidwe, ndipo mwina ndi mmene ankafunira.

Mtembo sukanapita kwawo. Bwana wa boti analipira zonse za maliro, ndipo akuti analira. Kumanda analola anthu ochepa: abambo, mnyamata wa boti uja, ndi wansembe. Abambo atabwera anasamba nthawi yaitali. Nditawafunsa kuti kuli bwanji kumeneko anangoti kuli mchenga.

Masana ano, kalasi itatha, ndakwera padenga koyamba chimwalirireni agogo. Chitseko chinali chosakhoma. Mwini nyumba anachotsa kale bedi ndi kabati, ndipo katundu wawo ali kwa ife pansi pa masitepe. Chipindacho n'chaching'ono kuposa mmene ndinkachionera iwo alimo. Pasimenti patsala madontho anayi a dzimbiri pamene panali miyendo ya bedi. Pakhoma pali msomali wopanda kanthu, ndi mzere wakuda pamene ankatsamira mutu. Makina oziziritsa anazimitsidwa, ndiye mukutentha ngati m'galimoto yotsekedwa, ndipo fumbi lalowa pansi pa chitseko n'kuyala pansi ponse bwinobwino, popanda phazi la munthu. Kunja mathanki akungolira okha. Njiwa zamanga chisa pawindo, chifukwa palibenso wozithamangitsa.

Ndili chiimire momwemo foni inalira. Unali uthenga wa mawu wochokera kwa Teretia. Nambala yanga anali nayo chifukwa agogo akafuna kuona zidzukulu tinkaimba pafoni yanga. Kwawo kunali kutatsala pang'ono kucha. Kumbuyo kwake kunkamveka tambala ndi mafunde.

Analankhula pang'onopang'ono kuti ndimve. Anati malo a bambo ake pambali pa Meere anawalambula kale chaka chatha, ndipo ana amawafunsa kuti dzenje likumbidwa liti. Anati sakudziwa kuti kumene agonako kuli chizindikiro kapena ayi, ngati pali munthu amene angapalozenso patapita zaka. Kenako anafunsa ngati malamulo a kuno amalola kufukula mafupa a munthu, malire akadzatsegulidwa, ngakhale patapita zaka zisanu kapena khumi. Anati iwo adikira. Kudikira amakudziwa.

Sindinamuyankhe, chifukwa sindikudziwa chilichonse mwa zimene wafunsa, ndipo sindikufuna kumuuza zongomusangalatsa.

Mawa ndi Lachisanu, abambo sapita kuntchito. Ndiwadzutsa kusanatenthe ndi kuwapempha kuti abwereke galimoto tipite ku Dukhan. Ndikaone pamene agona, ndikawerenge mzere wake ndi kujambula mbali zonse kuti pasadzasowe, ndipo ndikafunse woyang'anira manda kuti munthu wofuna kutenga mafupa a bambo ake amayambira ofesi iti. Abambo anena kuti n'kutali, anena kuti ndine mwana. Akakana mawa, ndiwapemphanso Loweruka.